Njala ya pa ukwati imayamba m'mawa

Komiti ya ukwati ikabwera kudzakambirana nane za kuphika, funso loyamba limakhala lakuti, “Anthu 300 angamalize matumba angati a mpunga?” Ine ndimayamba ndawafunsa kuti anthuwo adzadya nthawi yanji, ndiponso ndi angati amene adzakhale akudya pakhomo tsiku la ukwatilo lisanafike. Pa ntchito yathu yophika m'maukwati, chimene chimachititsa manyazi eni ukwati kawirikawiri si kuchepa kwa zogula. Mpunga umakhala utagulidwa wokwanira, nkhuku zilipo, koma zatuluka nthawi yolakwika kapena zadyedwa ndi anthu amene palibe anawawerengera.

Taonani mmene tsikuli limayendera kuno kwathu. Mkwatibwi ndi aperekezi ake amadzuka kusanache kukakonzetsa tsitsi. Ku tchalitchi mwambo umayamba cha m'ma 8 kapena 9 koloko, ndipo m'mipingo ikuluikulu Loweruka limodzi abusa amadalitsa maukwati angapo, motero kutuluka kumachedwa. Kenako ndi zithunzi. Pa khadi pamalembedwa kuti madyerero ayamba 1 koloko, koma tonse tikudziwa kuti amayamba 2 koloko itadutsa, ndipo perekani-perekani akakolera safuna kutha mpaka dzuwa litapendeka. Munthu amene anangomwa tiyi 6 koloko m'mawa akhoza kufika 4 koloko madzulo asanaike kanthu m'kamwa. Apa ndi pamene mwana wonyamula maluwa amayamba kulira, mperekezi amagwa ndi chizungulire, ndipo agogo odwala matenda a shuga amayamba kunjenjemera pa mpando, anthu ali kalikiliki kuvina.

Choncho chakudya choyamba kuchikonzekera ndi cha akwati ndi owaperekeza. Asachoke pakhomo ndi tiyi yekha. Adye chogwira m'mimba: phala, mazira, buledi, mbatata kapena chinangwa chophika. M'galimoto mwawo muikemo madzi, nthochi, mtedza ndi mandazi, zinthu zosadetsa zovala. Akamaliza zithunzi adye nkhomaliro yeniyeni asanalowe mu holo, chifukwa akangokhala kutsogolo kuja sadzapezanso mpata. Musankhe munthu mmodzi, kaya ndi azakhali kaya mlongo wa mkwati, amene ntchito yake tsiku lonse ndi yomweyi basi.

Gulu limene limasokoneza chiwerengero kwambiri ndi la abale ochokera kutali. Amafika Lachisanu, ena Lachinayi, ndipo amabwerera Lamulungu. Tiyerekeze kuti alipo 40 ndipo afika Lachisanu madzulo. Adya mgonero, mawa lake kadzutsa, nkhomaliro ndi mgonero, kenako kadzutsa wa Lamulungu asanakwere basi. Kudya kasanu kwa anthu 40 ndi mbale 200, pafupifupi ukwati wina pawokha. Makomiti ambiri salemba zimenezi pa bajeti, ndiye amayi a pakhomo akaona alendo ali ndi njala amangotsegula thumba la mpunga wa madyerero n'kupha nkhuku zisanu. Sitingawadzudzule, mlendo sagona ndi njala. Koma pofika Loweruka masana zinthu zimapezeka zaperewera, ndipo mlandu umagwera ophika. Alendowa muwagulire zawozawo: ufa, nyemba, usipa, masamba, shuga ndi masamba a tiyi, ndipo zisungidwe chipinda chosiyana ndi cha madyerero.

Musaiwalenso ogwira ntchito. Ophika, otsuka mbale, madalaivala, ojambula, a kwaya, oimba nyimbo, okongoletsa holo ndi alonda akhoza kukwana 30 mosavuta. Amenewa adyeretu alendo asanafike. Wogawa chakudya ali ndi njala amayamba kudzisungira, ndipo zimenezo n'zaumunthu.

Nanga alendo enieniwo ndi angati? Mu tauni, ngati pakhomo pa holo pali woona makadi, ine ndimaonjezera anthu 10 pa 100 alionse, chifukwa khadi la munthu mmodzi limabwera ndi mwana kapena mnzake. Kumudzi makadi alibe ntchito kwenikweni. Ukwati ndi wa mudzi wonse, ng'oma ikalira ngakhale a tsidya la mtsinje amabwera, ndipo kuwabweza ndi chipongwe chimene anthu sadzaiwala. Kumeneko musawerengere pa pepala muli mu Lilongwe kapena Blantyre. Funsani amayi amene anaphika pa ukwati womaliza m'mudzimo kuti anaphika miphika ingati ya nsima, anafulula migolo ingati ya thobwa, ndipo zinatha nthawi yanji. Iwo amadziwa kuposa komiti iliyonse.

Mukadziwa chiwerengero, masamu ake savuta. Miyeso imene ine ndimagwiritsa ntchito ndi iyi. Kilogalamu imodzi ya mpunga wosaphika imadyetsa anthu 8 ngati pali zina zoonjezera pa mbale, kotero thumba la makilogalamu 50 limafikira anthu pafupifupi 400. Mpunga wa Kilombero umakondedwa chifukwa cha fungo lake, koma muugule msanga n'kuusankha miyala masiku angapo ukwati usanachitike, osati usiku womaliza ndi tochi. Ufa woyera kilogalamu imodzi ndi nsima ya anthu 5 kapena 6. Nkhuku yachizungu imadulidwa nthuli 8. Yachikuda imakoma kuposa, koma mnofu ndi wochepa ndipo imachedwa kupsa, ndiye imafuna nkhuni zambiri. Nyama ya ng'ombe ya mafupa kilogalamu imodzi ndi ya anthu 6 kapena 7. Wodula nyama muzimuuza kukula kwa nthuli, ndipo muone nokha zoyambirira, chifukwa mpeni wa munthu mmodzi wowolowa manja ukhoza kumana anthu 50 ndiwo.

Pakakhala mpunga ndi nsima pamodzi, anthu ambiri amathamangira mpunga, popeza nsima amadya tsiku ndi tsiku. Komabe nsima isasowe. Akuluakulu ena akapanda kudya nsima amati sanadye, ndipo mpunga ukatha mwadzidzidzi nsima ndi imene imapsa msanga. Ufa, nyemba ndi kabichi zikhale zochuluka kuposa mmene mwawerengera. N'zotsika mtengo poyerekeza ndi nyama, ndipo ndi zimene zimapulumutsa ukwati anthu akachuluka. Ngati pakati pa oitanidwa pali Asilamu, nyama ichokere kwa wozinga wovomerezeka kwa iwo, ndipo nkhumba, ngati ilipo, ikhale ndi mphika ndi chipande chakechake, poganiziranso a mpingo wa Seventh-day Adventist.

Kagawidwe n'kofunika mofanana ndi kagulidwe. Mukasiya anthu kuti azidzipakulira okha nyama, oyamba 100 adya za anthu 200. Pa mphika uliwonse wa ndiwo paime wogawa. Musatulutse zonse nthawi imodzi: gawani chakudyacho patatu, gawo lina lizituluka linzake likamatha, ndipo pang'ono patsale kukhitchini pa ochedwa ndi ankhoswe, amene nthawi zambiri amadya pomalizira chifukwa chothamangathamanga. Okalamba, ana ndi amayi oyembekezera alandire poyamba, atakhala pansi. Kiyi wa chipinda chosungiramo zinthu akhale ndi munthu mmodzi wosachita manyazi kukana, ngakhale wopemphayo ali malume.

M'maukwati ambiri a mu tauni alendo a mu holo amangolandira kaphukusi ka nthuli ya nkhuku, samusa, keke ndi chakumwa. Palibe cholakwika, bola anthu adziwiretu kuti adyeretu kwawo, ndipo maphukusiwo atuluke pakatikati pa mwambo. Kusunga maphukusi mpaka kumapeto n'cholinga choti anthu asachoke msanga ine sindigwirizana nako. Munthu wanjala savina, ndipo saponya ndalama mosangalala.

Tsopano nkhani imene ndimaiopa kuposa kuperewera. Pofuna kuti zonse zikhale zokonzeka, ena amaphika mpunga 3 koloko usiku n'kuuvundikira m'mabeseni mpaka madzulo. Bungwe loona za umoyo la WHO limalangiza kuti chakudya chophika chisakhale pamtunda kupitirira maola awiri. Chikhale chotentha kuposa madigiri 60, apo ayi chozizira pansi pa madigiri 5. Mpunga ndi woopsa mwapadera, chifukwa muli tizilombo tina tosafa pophika, ndipo ukamazizira pang'onopang'ono timatulutsa poizoni amene sachoka ngakhale muutenthetsenso. M'miyezi yotentha ya Okutobala ndi Novembala, makamaka ku Chikwawa, Nsanje, Salima kapena Mangochi, saladi wothira mayonezi ndi nkhuku yokazingiratu zimasasa msanga kwambiri. Phikani mosinthana, mphika wina ukupakulidwa wina uli pa moto, ndipo makala kapena nkhuni zikhalepo ngakhale mukudalira magetsi.

Madzi nawo awerengedwe ngati chakudya: lita imodzi pa munthu aliyense ndi poyambira chabe nyengo yotentha, kupatula ophikira ndi otsukira. Mliri wa kolera wa 2022 mpaka 2023 unapha anthu oposa 1,700 m'dziko muno, ndipo matendawa amafalikira mosavuta pamalo amene anthu ambiri amadyera pamodzi. Madzi akumwa akhale owiritsa kapena othira mankhwala, thobwa lisatungidwe ndi kapu imene anthu akumwera, ndipo posamba m'manja pakhale sopo ndi madzi ochita kuthira, osati beseni limodzi la anthu onse.

Madyerero akatha abale amabwerera pakhomo atatopa, ndipo cha m'ma 8 koloko usiku njala imayambiranso. Musadalire zotsala za ku holo zimene zakhala pa kutentha tsiku lonse. Siyiranitu ufa, nyemba zophika madzulo omwewo ndi nkhuku zingapo zamoyo, komanso anthu awiri amene sanagwire ntchito masana kuti adzaphike mgonero.