Woimba amene analowetsa Chisilovaki m'holo zovinira: mbiri ya František Krištof Veselý

František Krištof Veselý anabadwa pa 12 Epulo 1903 m'tauni ya Skalica, kumadzulo kwa dziko lomwe lero timalitcha Slovakia, kufupi ndi malire a Moravia, dera la Acheki. Nthawi imeneyo dziko la Slovakia kunalibe. Dera lonselo linali m'manja mwa ufumu wa Hungary, ndipo akuluakulu a ku Budapest anali atatsimikiza mtima kuti aliyense wofuna kutukuka azilankhula Chihangare. Masukulu atatu a sekondale omwe ankaphunzitsa m'Chisilovaki anatsekedwa mu 1874 ndi 1875. Bungwe losunga chikhalidwe la Matica slovenská nalonso linatsekedwa mu 1875, ndipo malamulo a maphunziro a 1907 anafika mpaka ku pulayimale, kukakamiza ana kuti adziwe Chihangare. Chisilovaki chinangotsala cha kumudzi, cha kutchalitchi ndi cha paukwati. Munthu wa m'tauni wovala suti akafuna kufunsira mbeta kapena kukaonera sewero, ankachita zimenezo m'Chihangare kapena m'Chijeremani.

N'chifukwa chake sizodabwitsa kuti Veselý anaphunzira ntchito yake m'magulu a zisudzo a Chihangare, ndipo anakhala kumeneko zaka zake zaunyamata asanamveke kwawo. Ntchitoyo inali ya opereta. Opereta ndi sewero lomwe ochita zisudzo amalankhula bwinobwino, kenaka n'kuyamba kuimba, kenaka n'kuvina, gulu la zoimbira lili pansi kutsogolo kwa nsanja. Nkhani yake imakhala yopepuka: mnyamata wakonda mtsikana, pabuka kusamvana, wina wabisa kuti ndi mwana wa mfumu, kumapeto kuli ukwati. Malikulu ake anali Vienna ndi Budapest, ndipo mmodzi mwa akatswiri ake opeka nyimbo, Franz Lehár, anabadwira ku Komárno mu 1870, tauni yomwe lero ili ku Slovakia komweko. Anthu amaipeputsa opereta chifukwa cha nkhani zakezo, koma kwa woichita ndi ntchito yakalavulagaga. Munthu mmodzi yemweyo ayenera kuseketsa anthu pa nthawi yake yeniyeni, kuvina osaphonya phazi, n'kutulutsa mawu oyera mpweya usanabwerere m'chifuwa. Veselý zonsezi ankazitha, ndipo ankazichita mooneka ngati sakuvutika n'komwe.

Ali mnyamata, dziko linasintha. Ufumu wa Austria-Hungary, womwe Hungary inali mbali yake, unagwa mu 1918, dziko la Czechoslovakia, la Acheki ndi Asilovaki, linabadwa pa 28 Okutobala chaka chomwecho, ndipo kwa masiku angapo a mwezi wa Novembala tauni yakwawo ya Skalica inali likulu la boma longogwirizira la Slovakia. Mzinda womwe ena ankautcha Pressburg, ena Pozsony, ena Prešporok, unapatsidwa dzina loti Bratislava mu 1919, ndipo lero ndiwo likulu la Slovakia.

Koma kusintha mbendera n'kosavuta, kupeza ochita zisudzo ndiye nkhani ina. Nyumba ya zisudzo ya dziko, Slovenské národné divadlo, inatsegulidwa pa 1 Malichi 1920 ndi opera (sewero loimba) ya Bedřich Smetana, ndipo omwe anaimba anali gulu lochokera ku Bohemia, kwawo kwa Acheki, lotsogoleredwa ndi Bedřich Jeřábek. Ankaimba m'Chicheki. Asilovaki odziwa ntchito ya pansanja anali owerengeka, moti kwa zaka zambiri nyumba yotchedwa ya Asilovaki inkadalira alendo. Oskar Nedbal, yemwe anaitsogolera kuyambira 1923 ndipo anali wopeka opereta wodziwika, nayenso anali Mcheki. Gulu lochita masewero olankhula m'Chisilovaki linaima palokha mu 1932, pansi pa Janko Borodáč. Acheki aja sitingawanyoze, chifukwa popanda iwo nyumbayo sikanatsegulidwa msanga. Komabe anthu a m'Bratislava ankafunika kumva munthu wawo akuimba za chikondi m'chinenero chawo, osachita manyazi, osamveka ngati wabwereka pakamwa.

Veselý anafika m'nyumba imeneyi kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1930, atanyamula luso lonse lomwe anatola kwa Ahangare. Pano m'pamene ine ndimaona kukoma kwa mbiri yake: sukulu yomwe inam'phunzitsa inali ya chinenero chomwe chinapondereza chinenero cha makolo ake, koma iye anatenga zomwe anaphunzirazo n'kukazipereka kwawo.

Sanali yekha. Kunali Gejza Dusík, wobadwa mu 1907 m'mudzi wa Zavar pafupi ndi Trnava, yemwe anayamba kuphunzira udokotala n'kuusiya chifukwa cha nyimbo. Kunalinso Pavol Braxatoris, yemwe ankalemba mawu. Atatuwa anali ngati mafuwa atatu a pamoto: wina kupeka, wina kulemba, wina kuimba, ndipo kuchotsapo mmodzi mphika sukanakhala. Dusík ankapeka tango, gule wochokera ku Argentina yemwe anali atafalikira m'mizinda ya ku Ulaya, koma ankamufewetsa kuti agwirizane ndi khutu la Msilovaki, ndipo mpaka lero anthu kumeneko amalankhula za "tango ya Chisilovaki" ngati chinthu chawochawo. Wailesi inayamba kuulutsa mawu ku Bratislava mu 1926, mbale za galamafoni zinali kugulidwa, choncho mawu a Veselý anafika m'nyumba za anthu omwe sanapondepo m'holo ya zisudzo. Dusík anapekanso maopereta athunthu, ndipo ina yotchuka kwambiri, Modrá ruža, inaonetsedwa mu 1939.

Ku Prague, likulu la Czechoslovakia, nakonso anamuona Veselý. Mu 1936 anasewera mufilimu ya Uličnice pamodzi ndi Věra Ferbasová, yemwe anali mmodzi mwa akazi okondedwa kwambiri m'mafilimu a Chicheki. Kwa nthawi yaitali ochita zisudzo ankayenda kuchoka ku Prague kupita ku Bratislava. Tsopano Msilovaki ndi amene anaitanidwa kulikulu kukakhala kutsogolo kwa kamera.

Zaka zotsatira sizilola kuti munthu azifotokoze mosekerera. Pa 14 Malichi 1939 Slovakia inalengezedwa kuti ndi dziko palokha, koma linali pansi pa mthunzi wa Hitler, ndipo mtsogoleri wake anali wansembe Jozef Tiso. Acheki ambiri ogwira ntchito m'boma ndi m'masukulu anathamangitsidwa, ndipo gulu la masewero a Chicheki m'nyumba ya zisudzo linatha. Mipata inatseguka kwa Asilovaki, opereta yawo inakula, Dusík anapeka zingapo m'zaka za nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, anthu ankadzaza holo. Koma m'chaka cha 1942 boma lomwelo linakweza m'sitima Ayuda pafupifupi 58,000 kuwatumiza kumisasa ya chipani cha Nazi, ndipo obwerako anali ochepa zedi. Wokonda nyimbo za nthawi imeneyo ayenera kudziwa kuti pamene ena ankavina tango m'Bratislava, anansi awo ankalandidwa nyumba ndi masitolo. Sindikunena izi pofuna kusenzetsa woimba mlandu wa boma. Ndikunena chifukwa nyengo yomwe ambiri amaikumbukira kuti inali ya golide pa opereta ya Chisilovaki ndi nyengo yomweyo ya sitima zija.

Nkhondo itatha, Slovakia inabwereranso m'dziko la Czechoslovakia. Mu 1946, ku Bratislava kunatsegulidwa nyumba yachiwiri ya zisudzo, Nová scéna, ndipo Veselý ndi amene anapatsidwa udindo wotsogolera gulu lake la opereta. Apa anasanduka mphunzitsi ndi mkonzi wa masewero, kusonkhanitsa oimba ndi ovina achinyamata n'kuwaphunzitsa ntchito yomwe iye anakaitola kutali. Koma mu Febuluwale 1948 chipani cha chikomyunizimu chinatenga boma, ndipo kwa akuluakulu atsopanowo opereta inali chosangalatsa cha mabwana akale, chodzaza ndi ana a mafumu ndi vinyo wodula. Ankafuna masewero otamanda ogwira ntchito m'fakitale ndi m'minda ya boma. Tango nayo inkaonedwa ndi diso lokayikira. Opereta sinafe, chifukwa anthu sanasiye kugula matikiti, koma inayenera kuvala zovala zina. Dusík atapeka opereta ya Hrnčiarsky bál mu 1956, nkhani yake inali ya oumba mbiya ndi anthu wamba, ndipo nyimbo imodzi ya m'menemo yotamanda dziko lakwawo inakondedwa mpaka ambiri kuiyesa nyimbo ya makolo.

Veselý anamwalira ku Bratislava pa 13 Malichi 1977, Braxatoris mu 1980, Dusík mu 1988. Chikomyunizimu chinagwa mu 1989 ndipo Slovakia inakhala dziko palokha pa 1 Januwale 1993. Nová scéna ikugwirabe ntchito, ngakhale masiku ano imadziwika kwambiri ndi masewero a nyimbo amakono kuposa opereta yakale. Nyimbo za m'nthawi ya Veselý zinadzutsidwanso ndi gulu la Bratislava Hot Serenaders, lomwe limaimba ndi zipangizo ndi kaimbidwe ka zaka za m'ma 1920 ndi 1930, ndipo kwa zaka zambiri linkaimba pamodzi ndi wanthabwala wotchuka Milan Lasica mpaka imfa yake mu 2021.