Galligaskins sanachokere ku Gascony

Anthu akhala akunena kuti dzina la Chingerezi loti galligaskins limatanthauza mabuluku a anthu a ku Gascony, dera la kummwera chakumadzulo kwa France. Ngakhale Samuel Johnson analemba zomwezo mu dikishonale yake ya 1755, potsatira Stephen Skinner, yemwe analemba za magwero a mawu a Chingerezi iye asanatero. Zimamveka bwino m'khutu, koma si zoona.

Dzinali linachokera ku liwu lakale la Chifalansa loti garguesque, lomwe nalonso linachokera ku Chitaliyana, grechesca, kutanthauza chovala chosokedwa mwa Chigiriki. Angerezi atalimva analipotoza kuti lifanane ndi mayina omwe ankawadziwa kale, basi Gascony n'kulowerera.

Chovalacho chinali buluku lotakasuka kwambiri, lofufuma m'ntchafu, lolekezera cha m'mawondo, lomwe amuna ankavala m'zaka za m'ma 1500 ndi 1600. Fashoniyo itatha, liwulo linatsala ngati loseketsa potchula buluku lililonse lalikulu mopitirira muyezo, ndipo m'madera ena a kumidzi linkatanthauza zikopa zokutira miyendo kuyambira m'bondo kutsika.

Olima maluwa nawonso analitenga. Pali mtundu wa cowslip (duwa lachikasu lomera ku Ulaya) umene timasamba take tobiriwira tokuta duwa kumunsi timakula mopitirira, n'kufufuma ndi kupindikapindika m'mphepete, moti duwalo limaoneka ngati mwendo wotuluka m'buluku lija. John Parkinson anaufotokoza m'buku lake la zamaluwa la 1629, pamodzi ndi hose-in-hose, lomwe ndi duwa lomera m'kati mwa linzake. Nalonso dzina lake analitenga ku zovala za m'miyendo.