Sari yonyowa ndi chikondi chopanda kupsompsonana m'mafilimu a ku India

Aliyense amene anaonerapo mafilimu akale a Chihindi amakumbukira kuti mnyamata ndi mtsikana akangoyandikizitsa nkhope, kamera inkathawira kwina n'kuonetsa maluwa awiri akukhudzana. Panalibe lamulo lotchula mwachindunji kuti kupsompsonana n'koletsedwa, ndipo mu filimu ya Karma ya mu 1933 Devika Rani anapsompsonana ndi mwamuna wake Himanshu Rai pamaso pa oonera. Zinthu zinasintha dzikolo litalandira ufulu mu 1947, pamene bungwe la boma lounika mafilimu, lomwe limagwira ntchito motsatira lamulo la Cinematograph Act la mu 1952, linazolowera kudula zoterezi. Ngakhale komiti ya Khosla inalangiza mu 1969 kuti kupsompsonana kuloledwe ngati nkhaniyo ikufunadi zimenezo, chizolowezicho sichinathe msanga.

Opanga mafilimu anasenzetsa nsalu ntchito imene milomo inakanizidwa. Sari ndi nsalu imodzi yosasoka, yotalika mamita 5 kapena 6, imene mkazi amaikulunga m'chiuno n'kuponya mbali yotsalayo, yotchedwa pallu, paphewa. Amavalira limodzi ndi kabulauzi kafupi kotchedwa choli, kotero kuti mimba ndi mbali ya msana zimaoneka popanda wina kudabwa. Mphamvu yake yagona pakuti ndi nsalu yomweyo imene mayi amavala popita kukachisi, komanso imene mkwatibwi amavala pa tsiku la ukwati, ndiye woyang'anira malamulo sakanaitcha umaliseche. Koma mvula ikangoinyowetsa, imamatirira thupi n'kuulula zonse zimene ikuoneka ngati ikubisa.

Mvulayo sinangobwera chifukwa cha ukathyali wa otsogolera mafilimu okha. M'ndakatulo zakale za Chisanskrit, nyengo ya mvula ndi nthawi ya kusowana kwa okondana, ndipo buku lakale la zisudzo la Natyashastra limaika chikondi, chimene limachitcha shringara, pakati pa mamvedwe akuluakulu amene sewero liyenera kudzutsa mwa oonera. Oonera ankadziwanso kuwerenga pallu: ikaphimba mutu ndiye kuti mkazi akulemekeza akuluakulu, ikatsetsereka paphewa ndiye kuti mtima wake wagonja.

Wotsogolera mafilimu Raj Kapoor ndiye anafika patali kwambiri, makamaka mu filimu yake ya mu 1985 ya Ram Teri Ganga Maili, pamene anaimika mtsikana wosewera, Mandakini, pansi pa mathithi atavala sari yoyera yopyapyala, ndipo filimuyo inaonetsedwa ndithu. Patapita zaka ziwiri, Sridevi anavina atavala sari ya buluu ya nsalu yopepuka yotchedwa chiffon mu filimu ya Mr. India. Kwa ine, kuvina kwake kumaposa mathithi aja, chifukwa chilakolako chikuoneka kuti n'cha mkaziyo mwini, ndipo mwamunayo, malinga ndi nkhani yake, ndi munthu wosaoneka ndi maso.

Chimene sindingachilambalale n'chakuti katundu yenseyu ankamusenza mkazi. Wotsogolera mafilimu Yash Chopra, amene anatchukitsa nyimbo zojambulidwa m'mapiri a ku Switzerland, ankaveka mtsikana chiffon yoti mphepo n'kuiulutsa, pamene mnyamata woima pambali pake pa chipale chofewa chomwecho ankakhala atavala juzi yokhuthala ndi nsapato zotseka.