Ashan: alendo kwa abale awo

Ashan ndi Athai ndi pachibale. Zinenero zawo n'zoyandikana, ambiri ndi Abuda, ndipo ku Thailand Ashan amatchedwa Tai Yai. Chibale chomwechi n'chimene chinadzawapweteka.

Kwawo ndi chigawo cha Shan, kum'mawa kwa Myanmar, kumene kale ankalamulidwa ndi mafumu awoawo otchedwa saopha. Pa 12 February 1947, ku Panglong, atsogoleri awo anagwirizana ndi Aung San, mtsogoleri womenyera ufulu wa Burma (dzina lakale la Myanmar), zolowa m'dziko limodzi, ndipo malamulo a chaka chomwecho anawalola kudzapatuka pakatha zaka khumi ngati angafune. Mfumu ya ku Yawnghwe, Sao Shwe Thaik, inakhala pulezidenti woyamba wa Burma mu 1948. Mkulu wa asilikali Ne Win atalanda boma mu 1962, lonjezo lija linathera pompo, mfumuyo n'kufera m'ndende.

Nkhondo ya pakati pa zigawenga za Ashan ndi boma inapitirira, koma zinafika pamwanawakana Khun Sa, mtsogoleri wa gulu lalikulu la zigawenga ku Shan, atagonja mu 1996. Pofuna kuti zigawenga zotsala zisowe chakudya, asilikali a boma anasamutsa mokakamiza anthu oposa 300,000 m'midzi yoposa 1,400 pofika 1998. Ambiri anawolokera ku Thailand.

Apa m'pamene pali nkhani. Akaren ndi Akarenni, mitundu ina ya ku Myanmar yothawa nkhondo, anali ndi misasa yovomerezeka ku Thailand, monga Mae La. Ashan ayi. Thailand, yomwe sinasaine pangano la othawa kwawo la 1951, inawatenga ngati anthu odzasaka maganyu. Pajatu chinenero amamva, angolowerera pakati pa eni dziko. Analowereradi, koma m'minda ya malalanje ya ku Fang, atabereka mpope wa mankhwala kumsana, ndi m'zisakasa za malata za omanga nyumba ku Chiang Mai. Wopanda mapepala akaona wapolisi pamsewu amakhota, ndipo bwana akamubera malipiro amangomeza mate.

Ana ndiwo ali pamoto weniweni. Lamulo la Thailand la mu 1972 linachotsa unzika wa kubadwa kwa ana a olowa m'dziko mozemba. Kuyambira 2008 mwana aliyense wobadwira ku Thailand amayenera kulembedwa m'kaundula, koma chikalatacho si unzika. Ku Myanmar nako, mudzi wa makolo unawotchedwa, ndani angamuikire umboni?

Kamsasa ka Ashan ka Koung Jor ku Wiang Haeng m'dziko la Thailand, komwe kanayamba mu 2002, kamangololedwa mwa chisoni. Mu October 2017 thandizo la chakudya linaimitsidwa kumeneko ndi m'misasa ina isanu ya m'malire, kuphatikizapo Loi Tai Leng. Anthu pafupifupi 6,000 anatsala opanda mpunga, kumudzi kukadali asilikali.