Mphunzitsi wa akatswiri a Formula 1 amaphunzitsira m'galimoto wamba

Anthu ambiri akamaonera mpikisano wa galimoto pa kanema amaganiza kuti katswiri ndi uja wa phazi lolemera, wopanda mantha, wogwetsa chiwongolero mwaukali pakona. Ife aphunzitsi oyendetsa galimoto, amene ntchito yathu ndi kukhala pampando wakumanzere tsiku lonse, maso ali pa manja ndi mapazi a wophunzira, timaziona mosiyana. Mbiri ya Rob Wilson ikuikira umboni mbali yathu.

Wilson anabadwira ku New Zealand mu 1952, ndipo m'zaka za m'ma 1970 anasamukira ku England kukasaka mwayi pa mipikisano. Anathamanga mu Formula 3 ya ku Britain, komwe achinyamata amaonetsera luso kuti matimu a Formula 1, mpikisano wapamwamba kwambiri wa galimoto padziko lonse, awaone. Mu 1981 anangotsala pang'ono kupatsidwa galimoto ya timu ya Tyrrell, koma mpando unapita kwa Michele Alboreto wa ku Italy, yemwe anabwera ndi omuthandiza ndalama. Masewerawa ndi otero, luso lopanda thumba limathera panjira. Wilson anapitiriza kuthamanga kwina, ku NASCAR ya ku America ndi pa mpikisano wa maola 24 wa ku Le Mans, koma dzina lake linadzamveka kwambiri atayamba kuphunzitsa ena.

Amene anakhalapo naye m'galimoto si ana ofuna laisensi. Pali Kimi Räikkönen, yemwe anakhala katswiri wa dziko lonse wa Formula 1 mu 2007, Juan Pablo Montoya, David Coulthard ndi Valtteri Bottas. Kwa zaka zambiri ankawatengera ku Bruntingthorpe, bwalo lakale la ndege za nkhondo ku Leicestershire, n'kuwakweza mu Vauxhall Astra, galimoto yapabanja yopitira kumsika. Amayamba iye kuzungulira, kenako wophunzira, nthawi n'kumayerekeza.

Bwanji galimoto wamba? Chifukwa imaulula. Galimoto ya mpikisano ndi youma masipuling'i, ndipo zonse zimachitika mwachangu moti cholakwa chimadutsa usanachimve. Yofewa ija ukaponda buleki mwadzidzidzi imagwada ndi mphuno, ukakhota mwankhanza imapendekeka, ndipo amene wakhala pambali pako amazimva m'thupi mwake.

Apa ndiye pagona phunziro lonse. Galimoto yaing'ono imalemera kupitirira tani imodzi, koma imakhudza msewu pa malo anayi okha, aliwonse aakulu ngati chikhatho. Kulemerako sikukhala malo amodzi. Mukaponda buleki kumathamangira ku matayala akutsogolo, mukaponda mafuta kumabwerera kumbuyo, mukakhotera kumanja kumatsamira kumanzere. Tayala lopepukidwa limataya mphamvu yogwira phula. Tayala lilinso ndi malire: mphamvu imene likugwiritsa ntchito poimitsa galimoto silingaigwiritsenso ntchito pokhota. Mayi wosenza ndowa yodzadza amazidziwa bwino, amatha kuyenda ndawala madzi osatayika, koma akangoima mwadzidzidzi anyowa msana.

Ndiye Wilson amalimbikira pa kanthawi kakang'ono kaja phazi likamafika pa buleki. Liyambe ndi kukhudza, galimoto imve, kenako liponde mwamphamvu. Chimodzimodzi pochotsa phazi, ndi poyamba kukhotetsa chiwongolero. Amafunanso kuti kona ikhale yaifupi: khota msanga pamalo oyenera, wongola chiwongolero, galimoto ikhazikike pa matayala onse anayi, ndiye uponde mafuta. Jackie Stewart, katswiri wa dziko lonse mu 1969, 1971 ndi 1973, ankaphunzitsa zofananazo atasiya mipikisano. Ankamangirira mbale pa boneti n'kuikamo mpira, woyendetsa azungulire mwachangu mpira osagwa.

Kuno ku Zomba tili ndi kalasi yathu yaulere, msewu wokwera kuphiri kupita ku Ku Chawe. Imani pa kona ina m'mawa Loweruka muone otsika. Ambiri amalowa pakona liwiro likadali lambiri, n'kuponda buleki ali kale pakati, chiwongolero chili chokhota. Matayala akutsogolo amapatsidwa ntchito ziwiri nthawi imodzi, galimoto imayamba kukana kukhota n'kulowera mbali ya eni ake, komwe mwina kukubwera mnyamata ndi njinga yosanjikiza nkhuni kupitirira mutu wake. Zoyenera n'kumaliza kuchepetsa liwiro msewu ukadali woongoka, kumasula buleki pang'onopang'ono pamene mukuyamba kukhota, maso ali kotulukira osati pa boneti. Manja amatsata maso, ndipo amene wayang'anitsitsa phompho amalowera komweko.

Pamtsetse womwewo pali chizolowezi china chimene ndimakangana nacho ndi madalaivala ngakhale akale, chotsika pa nyutulo kapena giya yaikulu ati kupulumutsa mafuta. Buleki imaimitsa galimoto posandutsa liwiro kukhala kutentha. Mukaitsamira kuyambira pamwamba mpaka m'munsi, mapadi amapsa, mafuta a buleki amatha kuwira, phazi n'kumangolowa pansi popanda kanthu. Fungo lija lopserera limene mumalimva galimoto zikafika m'munsi ndi limenelo. Ikani giya yachiwiri injini igwire galimoto, buleki izingothandiza.

Wina anena kuti zonsezi n'za othamanga, ife a pa msewu wa M3 zikutikhudza pati? Masamu ake ndi amodzi. Liwiro likawirikiza kawiri, mtunda woimira pa buleki umawirikiza kanayi, ndipo mvula yoyamba ikanyowetsa fumbi ndi oyilo wa paphula umatalikiranso. Dalaivala wa minibasi amene amafika pa Thondwe tsiku la msika akuswa mabuleki, okwera akugundana mitu ndi mipando, samafika ku Limbe msanga kuposa mnzake amene anachotsa phazi pa mafuta kutali ataona khamu. Amangomaliza mapadi ndi matayala msanga, ndipo akabaza amene ali kutsogolo kwake ndiwo amakhala pangozi.

Chimene ndimasirira kwa Wilson, monga mnzake pantchito ngakhale ndili kutali, n'chakuti anthu amene apambana kale mipikisano amavomera kukhala pansi kuti awakonze phazi. Kwathu kuno munthu akangolandira laisensi, mphunzitsi samuonanso, pokhapokha abwere kudzafunsa za laisensi ya lole.