Zaka zambiri pantchito si chiphaso chokwezedwera udindo

Pa nthawi ya nkhomaliro kunja kwa maofesi akale a boma kuno ku Zomba, simulephera kumva wina akudandaula, mbale ya nsima ili pamwendo: "Ndinayamba ntchito mnyamata uja ali kusekondale, lero ndi bwana wanga. Ndikasuma basi." Ambirife tinakula tikudziwa kuti wolowa kale ndiye akwere poyamba. Lamulo silitero.

Public Service Act ya 1994, lamulo loyendetsera ntchito za boma, imati kulowa ndi kukwera pantchito ya boma kuyendere luso ndi nzeru za munthu, pampikisano wachilungamo. Zaka zingakuthandizeni kuitanidwa ku intavyu, koma mpando sizikupatsani.

Khoti limafufuza mmene nkhani inayendera. Kodi mpatawo unalengezedwa? Wosankhidwayo anali ndi mapepala oyenera? Panali kukondera? Gawo 43 la Malamulo Oyendetsera Dziko limakupatsani ufulu wolandira zifukwa zolembedwa za chiganizo chokukhudzani, ndiye yambani mwapempha zimenezo. Woweruza akapeza zolakwika, kawirikawiri amafafaniza chiganizocho kuti chipangidwenso, osati kukuikani pampando.

Zimandiwawa kuona achikulire akutha ndalama kwa maloya atanyamula kalata yoyambira ntchito yokha. Pempho loti High Court iunike chiganizo lifike pasanathe miyezi 3 chipangidwireni chiganizocho, ndipo kwa Ombudsman, ofesi yomva madandaulo a anthu olakwiridwa, kudandaula n'kwaulere.