Chifukwa chake kamera ya Oleg Mutu siphethira

Amene anaonerapo mafilimu a ku Romania a m'zaka za m'ma 2000 amaudziwa mchitidwe wake. Kamera ikayang'ana munthu imakakamira pomwepo osadula, nyimbo zokometsera palibe, kuwala n'kongokwanira kuti uone nkhope. Mmodzi mwa amene anakhazikitsa kajambulidwe kameneka ndi Oleg Mutu, yemwe anabadwira ku Chișinău m'dziko la Moldova mu 1972 n'kukaphunzira ntchitoyi ku Bucharest, likulu la Romania.

Gwero la kajambulidwe kameneka lili mu ulamuliro wa Nicolae Ceaușescu, yemwe anali mtsogoleri wa Romania. M'zaka za m'ma 1980 boma linkaumira magetsi ndi chakudya pofuna kubweza ngongole zakunja. Misewu inali mdima bii, m'nyumba mukuzizira, koma wailesi yakanema, imene inafika poulutsa maola awiri okha patsiku, inkangoonetsa anthu akuombera mtsogoleri m'manja. Ana amene anakula akuonera bodza lowala chonchi, atagwira kamera anaipidwa ndi zokongoletsa. Ulamulirowo utagwa mu 1989 ndalama zopangira mafilimu zinasowanso, choncho anaphunzira kujambula ndi zochepa.

Mu 2005 Mutu anajambula nawo filimu ya Cristi Puiu yotchedwa Moartea domnului Lăzărescu, kutanthauza imfa ya bambo Lăzărescu, kamera ili paphewa, kulondola nkhalamba yodwala imene ambulansi ikuzungulira nayo usiku wonse, chipatala ichi n'kuitumiza ku china. Pambuyo pake anagwiranso ntchito kwambiri ndi Sergei Loznitsa wa ku Ukraine.

Koma imene imandigwira mtima ndi ya Cristian Mungiu, 4 luni, 3 săptămâni și 2 zile, kutanthauza miyezi inayi, masabata atatu ndi masiku awiri, imene inapata Palme d'Or, mphoto yaikulu ya pachikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes, mu 2007. Nkhani yake ikuchitika mu 1987, pamene lamulo la mu 1966 linkaletsa kuchotsa mimba. Mtsikana wina dzina lake Otilia wathandiza mnzake kuchotsa mimba mobisa, ndipo wamusiya ali gone m'chipinda cha hotelo, iye wapita kuphwando kwa makolo a chibwenzi chake. Mutu anaimika kamera kutsogolo kwa tebulo ndipo sanaisunthe kwa mphindi zingapo. Akuluakulu akudya, akuseka, akukamba za kaphikidwe ndi za ana amakono, ena akungooneka mkono kapena theka la nkhope. Otilia ali pakati, phee, maso pansi. Foni ikulira penapake m'nyumbamo, palibe woiyankha, ndipo iwe woonera ukungolakalaka atadzuka n'kuthamangira kuhotelo kuja.